Nduwira, Kamtanda ndi Maliro a Malume

M'mamawa kusanache, makamaka m'miyezi ya chisanu, pamalo okwerera basi ku Thamesmead pamakhala pataima kale anthu ambiri. Ena amakhala atabisa yunifolomu ya kuchipatala m'kati mwa chijasi, ena atavala nsapato zolimba za kumalo osungira katundu, ena atanyamula kambale ka chakudya cha masana. Basi ya nambala 177, yodzera ku Plumstead ndi ku Woolwich, ikaima, onse amakwera mwakachetechete. Koma mafoni akayamba kulira, m'basimo mumamveka Chingerezi, Chiyoruba, Chitwi, Chinepali, Chipolishi, ndipo mwa apo ndi apo Chichewa. Anthu amenewa adakulira m'miyambo yosiyana kwambiri, komabe pakangotha ola limodzi amakhala akunyamulira limodzi katundu kapena kusamalira wodwala mmodzi.

Thamesmead ndi dera la kum'mwera chakum'mawa kwa mzinda wa London, m'mbali mwa mtsinje wa Thames. Kale malowa adali dambo. Khonsolo yaikulu ya mzindawu, yomwe pa nthawiyo inkatchedwa Greater London Council, idayamba kumangapo nyumba m'zaka za m'ma 1960, ndipo mabanja oyamba adalowamo mu 1968. Pokumbukira madzi osefukira a mu 1953, nyumba zoyambirira adazimanga mokweza: pansi adaikapo magalaja, anthu n'kumakhala pamwamba. Mabanja oyambawo adali Angerezi ochokera m'madera ena a London. Pambuyo pake kudafika mabanja ochokera ku Vietnam, kenaka anthu ambiri a ku Nigeria ndi ku Ghana. Motero pafupifupi aliyense m'derali ndi wobwera. Kusiyana kwake n'kwakuti wina adafika dzana, wina dzulo.

Ena mwa anthuwa amagwira ntchito pafupi: ku chipatala cha Queen Elizabeth ku Woolwich, kumalo oyeretsera madzi oipa ku Crossness, m'nyumba zosamalira okalamba, m'masukulu ndi m'masitolo. Ena amakakwera sitima ku Abbey Wood, poti Thamesmead ilibe siteshoni yakeyake, n'kulowera m'katikati mwa mzinda. Kulikonse kumene apite amakapeza anzawo olankhula mosiyana, opemphera mosiyana, ngakhale opereka moni mosiyana.

Nanga woyang'anira anthu osiyana chonchi achite bwanji? Pali ena amene amati yankho n'losavuta: aliyense asiye mwambo wake pachipata, alowe ngati kuti onse adabadwira m'nyumba imodzi. Maganizowa amamveka okoma, koma sathandiza. Munthu savula mwambo ngati chipewa. Komanso lamulo loti onse afanane, nthawi zambiri limangotanthauza kuti onse afanane ndi abwana. Funso loyenera ndi lina: kodi chinthu ichi chikufunika pa ntchito yeniyeniyo, kapena ndi chizolowezi chabe cha amene adafika poyamba? Chimene ntchito ikufuna, aliyense ayenera kuchitsata, ngakhale chimuwawe. Chimene chili chizolowezi chabe chiyenera kusendera, kuti enanso apeze pokhala.

Mbiri ya mabasi a ku England imaonetsa bwino kusiyana kumeneku. Mu 1963 kampani ya mabasi ya mumzinda wa Bristol inkakana kulemba anthu akuda ndi ochokera ku Asia ntchito yoyendetsa basi kapena yodula matikiti. Mnyamata wina wobadwira ku Jamaica, dzina lake Guy Bailey, adamubweza asanamufunse n'komwe funso limodzi, atangoona khungu lake. Paul Stephenson, Roy Hackett ndi anzawo adapempha anthu kuti anyanyale kukwera mabasiwo. Kunyanyalako kudatenga miyezi inayi, ndipo pa 28 Ogasiti kampaniyo idagonja. Mu 1965 Nyumba ya Malamulo idakhazikitsa lamulo loyamba loletsa tsankho la mtundu, ndipo mu 1968 lamulo lina lidaletsa tsankhoyo polemba anthu ntchito.

Nkhani ya khungu itayamba kumveka, padabuka ya zovala. Mu 1967, mumzinda wa Wolverhampton, dalaivala wa basi wotchedwa Tarsem Singh Sandhu adamuimitsa ntchito chifukwa chovala nduwira ndi kusunga ndevu. Iye adali wa chipembedzo cha Chisikh, m'mene mwamuna sameta tsitsi koma amalikulunga ndi nsalu. Akuluakulu a mabasi ankati lamulo ndi lamulo, yunifolomu imayenda ndi kapusi. Asikh zikwizikwi adayenda m'misewu kusonyeza kusakondwa kwawo, ndipo mu Epulo 1969 chiletsocho chidachotsedwa. Palibe basi idagwera m'ngalande chifukwa cha nduwira. Woyendetsa basi amafunika maso akuthwa, manja okhazikika ndi mtima wodekha. Kapusi adali chizolowezi chabe chimene chidavala jekete la lamulo.

Komatu si lamulo lililonse la zovala limene lili lopanda mutu. Pa 15 Januwale 2013, khoti loona za ufulu wa anthu ku Ulaya, lomwe lili ku Strasbourg m'dziko la France, lidagamula milandu ya amayi awiri achikhristu a ku England. Onse awiri adaletsedwa kuvala kamtanda koonekera m'khosi pa ntchito. Mayi Nadia Eweida ankalandira apaulendo pabwalo la ndege, m'kampani ya British Airways. Mayi Shirley Chaplin adali namwino pachipatala cha ku Exeter. Khotilo lidati mayi Eweida adalakwiridwa, chifukwa kamtanda kakang'ono sikankasokoneza ntchito yawo. Koma kwa mayi Chaplin lidagamula mosiyana. Lidavomereza nkhawa ya chipatala yakuti wodwala wosokonezeka mutu angathe kukoka unyolowo, kapena kamtandako kangakhudze bala. Chikhulupiriro n'chimodzi, kamtanda n'kofanana, tsiku lachigamulo n'limodzi, koma mayankho awiri. Wina angati oweruzawo adadzitsutsa okha. Ayi. Iwo adafunsa funso limodzi kawiri, ndipo ntchito ziwirizo zidayankha mosiyana.

Lero ku Britain kuli lamulo lotchedwa Equality Act, la mu 2010. Limatchula zinthu zisanu ndi zinayi zimene munthu sayenera kusalidwa nazo, monga mtundu, chipembedzo, msinkhu, kulumala, kukhala ndi pakati, ndiponso kukhala mwamuna kapena mkazi. Ndi lamulo labwino, ndipo makolo ogwira ntchito ayenera kulidziwa. Koma lamulo lili ngati ukonde wa maso aakulu: limakola nsomba zikuluzikulu, usipa n'kumadutsa. Zambiri zimene zimapweteka anthu pa ntchito ndi zazing'ono, za tsiku ndi tsiku, ndipo sizifika kukhoti.

Chimodzi mwa izo ndi maso. Mwana wa Chichewa amaphunzitsidwa kuti wamkulu akamalankhula asamutong'olere maso. Amazolika pang'ono, amalandira chinthu ndi manja awiri, ndipo sadula wamkulu pakamwa. Mwana yemweyo akakula n'kukalowa ntchito ku London, amaima pamaso pa bwana atayang'ana pansi, poganiza kuti akupereka ulemu wonse umene ali nawo. Bwana amene adakulira ku England amaona zina. Kwa iye, munthu wosayang'ana m'maso ndiye kuti akubisa kanthu, kapena sakudzidalira. Pa mayeso olowera ntchito, munthu waluso angathe kugwa pa chifukwa chimenechi, osadziwa n'komwe chimene chamugwetsa. Kodi ntchito yosamalira okalamba kapena yokonza makompyuta imafuna kuti munthu azitong'ola maso? Siifuna. Wofunsa mafunso ayenera kumvetsera mayankho, osati kuweruza khosi. Ndi nzerunso kuti wofuna ntchitoyo adziwe mmene eni dziko amawerengera maso, aphunzire kudzutsa nkhope popanda kuona ngati wachita mwano.

Maina nawo amasokoneza. Chichewa chili ndi "iwe" ndi "inu", pamene Chingerezi chili ndi liwu limodzi lokha la onse. Mchewa satchula wamkulu dzina lake loyamba. Amati aPhiri, aBanda, Nabanda, kapena amake a uje. Koma m'maofesi ambiri a ku London bwana amafuna kuti azitchulidwa dzina loyamba, ndipo kwa iye chimenechi ndi chizindikiro cha ubwenzi. Mayi wa zaka 60 akamva kamnyamata ka msinkhu wa mdzukulu wake kakumuitana dzina loyamba kuchokera kutali, mtima umamupweteka. Mbali inayo, wosamalira okalamba wochokera ku Africa akamatcha gogo wachingerezi kuti "amayi", gogoyo angathe kuipidwa, n'kunena kuti iye si mayi wa munthu ameneyu. Onsewa palibe wamwano. Chosowa ndi funso laling'ono, loyenera kufunsidwa tsiku loyamba: "Kodi mumakonda kuitanidwa bwanji?"

Ngakhale liwu lokoma lakuti "pepani" limasochera panjira. Mchewa akaona mnzake wapunthwa amati pepani, kusonyeza kuti wamva naye ululu. Akalinena m'Chingerezi, mnzakeyo amadabwa, n'kuyankha kuti si iwe walakwa. Zoterezi zimangoseketsa. Koma mbale zikasweka kukhitchini, wina n'kufulumira kupepesa mwa chifundo chabe, bwana angathe kulemba kuti wavomera mlandu.

Palibe pamene pamavuta kuposa pa nkhani ya maliro. Kumudzi ku Dedza, ku Kasungu kapena ku Katete, munthu akamwalira khasu limagona pansi. Anthu sapita kumunda. Adzukulu amakakumba manda, amayi amatunga madzi, kuphika ndi kugona pasiwa, amuna amachezera pamoto panja. Akuluakulu adati maliro n'kulirana, ndipo munthu amene saoneka pamaliro a anzake amadzadziwa kulakwa kwake tsiku limene zovuta zidzagwe pakhomo pake. Mchewa wa ku Thamesmead sadasiye zimenezi pabwalo la ndege. Foni ikalira pakati pa usiku, mtima wake umakhala utafika kale kumudzi.

Malamulo a ku England amalola wantchito kuchoka kwa kanthawi pakagwa zadzidzidzi zokhudza mkazi kapena mwamuna wake, mwana, kholo, kapena wina womudalira. Kuyambira mu Epulo 2020, kholo limene lataya mwana wosakwana zaka 18 lili ndi ufulu wopuma masabata awiri. Kupyola pamenepo, malo ambiri a ntchito ali ndi malamulo awoawo, ndipo kawirikawiri amapereka masiku owerengeka pa imfa ya wachibale amene iwo amamutcha wapafupi. Vuto lagona pa liwu limeneli. Wapafupi ndani? Pamndandanda wa Angerezi pamakhala bambo, mayi, mwana, mkazi kapena mwamuna, mchimwene ndi mchemwali. Malume amakhala kutali, ngati alipo n'komwe.

Koma kwa Achewa, amene amatsata mtundu kuchikazi, malume si munthu wapatali. Iye ndi mlongo wa amayi, mwini mbumba. Ndiye amaweruza milandu ya pabanja, amaimira ana a mlongo wake pa ukwati, ndipo ambiri adaphunzira sukulu ndi ndalama za malume. Mchemwali wa amayi nayenso ndi amayi, aakulu kapena aang'ono, ndipo ana ake ndi abale enieni. Tsono wantchito akapita kwa bwana n'kunena kuti amayi amwalira, bwanayo angathe kutsegula faelo n'kupeza kuti chaka chathachi munthu yemweyu adapempha tchuthi cha maliro a amayi. Amayi angafe kawiri? Bwana amayamba kukayika. Wantchito amaona kukayikako pankhope ya bwana, ndipo chisoni chake chimasanduka mkwiyo. Palibe wanama. Mmodzi wanena zoona m'Chichewa, wina wazimva m'Chingerezi.

Palinso mtunda. Ulendo wa pandege wochokera ku London umadzera ku Addis Ababa, ku Nairobi kapena ku Johannesburg usanafike ku Lilongwe, ndipo kuchoka pamenepo pamatsala basi, mwinanso njinga ya kabaza. Masiku atatu amathera panjira. Ambiri amalephera kupita. Amasonkhana m'nyumba ya mnzawo, kuimba nyimbo, kusonkha chipepeso, ndi kuonera mwambo wa kumanda pa WhatsApp. M'mawa mwake amadzuka n'kukakwera basi, maso atatupa.

Bwana naye ali ndi mbali yake, ndipo n'kulakwa kumuyesa munthu wouma mtima. Wodi ya odwala siitsekedwa chifukwa cha maliro. Wina akachoka, anzake ndiwo amasenza katundu wake, ena mpaka kugwira usiku wowonjezera. Wantchito mmodzi akapatsidwa masabata atatu pamene mnzake adapatsidwa masiku atatu, pamabuka kung'ung'udza, ndipo ong'ung'udzawo ali ndi mfundo. Ntchito imafunadi kuti anthu akhalepo okwanira, ndiponso kuti masiku agawidwe mwachilungamo. Chimene ntchito siifuna ndi kusankhira munthu abale. Mndandanda wa abale apafupi ndi kapusi wina: chizolowezi cha banja la mtundu umodzi. Lamulo labwino lingapereke masiku ofanana kwa onse, koma m'malo mofunsa ngati womwalirayo ali pamndandanda, lifunse kuti womwalirayo adali ndani kwa wantchitoyo. Wofuna kupita kutali aloledwe kuwonjezerapo masiku a tchuthi chake cha pachaka, kapena masiku osalipidwa. Lamulo lotere silikondera Mchewa yekha. Mtsikana wobadwira ku Erith amene adaleredwa ndi azakhali ake lingamuthandize chimodzimodzi.

Wantchito nayenso asadikire tsiku la misozi kuti afotokoze. Angathe kuuza bwana, nthawi ya mtendere, kuti kwawo kuli amayi aang'ono amene adamulera, ndi malume amene ali ngati bambo. Paja amati safunsa adadya phula. Mwambi umenewu ukugwira bwana amene safunsa, koma wosafotokoza nayenso phulalo amalilawa.

Kungakhale kukondera kunena kuti ofunika kusintha ndi eni dziko okha. Miyambo ina ya Achewa, yabwino pamalo pake, imasanduka yoopsa ikalowa pa ntchito zina. Kusatsutsa wamkulu ndi ulemu pabwalo la mfumu. Koma namwino akaona kuti dokotala walemba mankhwala opitirira muyeso, kukhala chete si ulemu. Ayenera kulankhula nthawi yomweyo, ngakhale dokotalayo akhale waimvi. Wogwira ntchito m'nyumba yosungira katundu akauzidwa zinthu zimene sadamve, asangovomera kuti "chabwino" poopa kuoneka wovuta, chifukwa katundu wolemera akagwa sasankha mutu. Apa ntchito yeniyeniyo ikufuna pakamwa potsegula, ndipo mwambo uyenera kugonja. Munthu angathe kutsutsa mwaulemu. Chichewa chili ndi mawu ambiri ochitira zimenezi, ndipo Chingerezi chilinso nawo.

Chimodzimodzi nkhani ya nthawi. Kumudzi mwambo umayamba anthu akasonkhana. Koma shifiti ya 7 koloko imayamba 7 koloko, chifukwa amene wachezera usiku wonse akudikira kuti athamange akaperekeze mwana kusukulu. Wochedwa asabisale kumbuyo kwa chikhalidwe. Ndipo bambo amene zimamuvuta kulamulidwa ndi mzimayi, kapena ndi munthu wamng'ono kwa iye, akumbukire kuti lamulo la mu 2010 limene limamuteteza iye limatetezanso bwana wakeyo.

Za chinenero, agogo a Achewa adazilawa kalekale. Amuna ambiri a ku Nyasaland adapita ku migodi ya ku Johannesburg kudzera ku bungwe la Wenela, ena ku migodi ndi minda ya ku Rhodesia. Kumeneko adakumana ndi Azulu, Asutu, Ashangani ndi Azungu. Pofuna kumvana, m'migodi munkalankhulidwa Fanagalo, chinenero chosakaniza Chizulu, Chingerezi ndi Chibunu. Ku Rhodesia ankachitcha Chilapalapa. Chidathandiza kuti ntchito iyende, koma kwenikweni chidali chinenero cholamulira: bwera, nyamula, fulumira. Mawu ankatsika kuchokera kwa kapitawo, osakwera. Malo a ntchito a lero angathe kudwala matenda omwewo ngakhale onse akulankhula Chingerezi chabwino, ngati bwana amangolamula koma samva.

Ku London chinenero chokumanirana ndi Chingerezi, ndipo pali nthawi zimene sichingalowedwe m'malo. Anamwino akamapatsirana odwala posinthana shifiti, aliyense ayenera kumva liwu lililonse. Koma kuletsa anthu awiri kucheza m'chinenero chawo pa nthawi ya tiyi ndi nkhanza zopanda phindu. Munthu amene wakhala maola asanu ndi atatu akuganiza m'chinenero cha eni amapuma akamva cha kwawo. Chofunika ndi maso achifundo. Awiri akamaseka m'Chichewa wachitatu atakhala pambali yekha, iye amayamba kuganiza kuti akumuseka. Kumudzi komwe, kunong'onezana pamaso pa mlendo ndi khalidwe loipa. Apa sipafunika lamulo la kampani. Mwambo wa Chichewa womwewo ndi wokwanira.

Pali vuto lina limene limayamba munthu asanalowe n'komwe pachipata. Mu 2019 akatswiri a ku Nuffield College, ku yunivesite ya Oxford, adafalitsa zotsatira za kafukufuku wawo. Iwo adatumiza makalata ambirimbiri ofunsira ntchito, ofanana maphunziro ndi luso, koma osiyana maina ndi kochokera. Adapeza kuti pamene Mngerezi woyera khungu angalembe makalata 10, munthu wa mtundu wina ayenera kulemba pafupifupi 16 kuti aitanidwe mofanana. Ichi si kusamvana kwa miyambo. Ndi tsankho, lomwe lija la ku Bristol, lokhalo kuti tsopano silikuwa. N'chifukwa chake ena amafupikitsa maina awo kapena kudzipatsa ena achingerezi. Palibe woyenera kuwaseka, poti akufuna kudyetsa ana. Koma ndi zomvetsa chisoni kuti dzina ngati Chisomo, Mphatso kapena Tamandani, limene makolo adalisankha ndi tanthauzo, libisidwe m'thumba. Malo ena a ntchito adayamba kufufuta maina pamakalata asanawapereke kwa osankha, ndipo ndi njira yanzeru. Munthuyo akalembedwa, dzina lake libwerere, ndipo anzake aliphunzire. Lilime limene limatha kutchula maina ovuta a akatswiri a mpira silingalephere kutchula Mphatso.

Si zonse zimene zili zolemetsa. Kusiyana kwa anthu nthawi zina kumapeputsa ntchito ya bwana. Ku England Khirisimasi ndi Lachisanu Loyera ndi masiku a tchuthi cha dziko lonse, pamene Eid ya Asilamu ndi Diwali ya Ahindu sizili pamndandandawo. M'chipatala kapena m'garaja ya mabasi, kumene ntchito siima, Msilamu angagwire pa Khirisimasi kuti Mkhristu akakhale ndi banja lake, ndipo Mkhristuyo n'kudzabweza pa Eid. Amalawi zimenezi sizachilendo kwa iwo, poti ku Malawi Khirisimasi ndi Eid zonse ndi tchuthi, ndipo Mchewa, Myao, Mtumbuka ndi Mlomwe akhala akugwira ntchito limodzi m'minda ya tiyi ku Thyolo ndi m'maofesi a ku Lilongwe. Bwana wanzeru amangofunika kalendala yolembapo masiku onsewa, ndi kufunsa anthu ake nthawi ikadalipo.

Ana a sukulu za ku Thamesmead sadayambe ntchito, koma kalasi ndi malo awo oyamba okumanirana ndi anthu osiyana. Mwana wa Chichewa wokulira kumeneko ali ndi mwayi umene makolo ake adalibe. Amadziwa kugwada popereka madzi kwa agogo, ndipo amadziwanso kuyang'ana aphunzitsi m'maso poyankha funso. Amamva mbali zonse ziwiri. Ena mwa anawa adzakhala anamwino, ena madalaivala, ndipo ena adzakhala mabwana, okhala kuseri kwa tebulo pamene wantchito wa maso otupa akupempha masiku a maliro.

Kuyeserera kungayambe tsopano. Aphunzitsi akapunthwa potchula dzina lake poitana maina m'mawa, mwanayo angathe kudikira mpaka nthawi yopuma, n'kupita kukawathandiza mwaulemu, phatikizo limodzilimodzi. Mnzake wa ku Nepal kapena wa ku Ghana akabweretsa chakudya cha fungo lachilendo, angafunse dzina lake ndi kaphikidwe kake m'malo motseka mphuno, pokumbukira kuti usipa wa kwawo nawonso umanunkhira kwa ouzolowera okha. Ndipo aphunzitsi akadzafunsa chifukwa chake amayi ake anyamuka mwadzidzidzi kupita ku Malawi, asadzangoti kwamwalira wachibale. Adzanene kuti ndi malume a amayi, mwini mbumba, amene adawalipirira sukulu ndi kuwaimira pa ukwati wawo.